Olemekezeka Zangazanga ku Nyumba ya Okalamba

Belgrave, Leicester
11 Malichi 2018

Adadi,

Landirani moni wochokera kuno kozizira. Ine ndili bwino, kungoti manja ayamba kung'aluka ndi chisanu. Amayi bondo lija likuwapatsa mpata? Ndalemba kalata chifukwa pa foni mumangoti "eya, eya", kenako n'kukawafunsa Amayi kuti mwana uja amati chiyani. A Jusab, alongo awo a Mai Zaibunisa eni ake nyumba imene ndimachita lendi, akubwera ku Limbe ndiye anditengera. Mabatire a kachipangizo ka m'khutu kaja ali mu envulopu momwemo. Kachipangizoko malo ake ndi m'khutu, osati m'kabati.

Tsopano khalani pansi. Ku nyumba ya okalamba kumene ndimagwira ntchito atibweretsera munthu watsopano. Manijala wathu, Charlotte, anandiitana n'kundiuza kuti kwabwera bambo wa ku Malawi, anadwala sitiroko ndipo Chingelezi chonse chinawathawa, atsala ndi Chichewa chokha. Ndinalowa m'chipindamo ndikumwetulira ngati mwana woleredwa bwino. Pampando panali a Jameson Kadzuwa. Eya, omwewo, Olemekezeka Zangazanga a pa TV. Mimba ija inaphwa, tsitsi layera, koma nsidze ndi zomwe zija.

Inu mwina munaiwala, poti mtima wanu susunga kanthu, koma ine ayi. Sewero lija munalipeka awiri. Munazungulira nalo maholo a dziko lonse, kuseka andale nthawi imene anthu ankalankhulira pansipansi. TV itayamba mu 1999 ndinauza ana onse a mu mzere wathu kuti adadi anga atuluka pa kanema. Tinadzazana pa simenti kwa aneba, ine kutsogolo, nditavala diresi la ku tchalitchi. Sewero linayamba, linatha, mayina anadutsa. Inu osaoneka ngakhale chigongono. Ana aja ankanditcha Pempho Wabodza mpaka ndinachoka ku pulayimale. A Kadzuwa anatchuka, anagula jekete lachikopa, anakwera ndege. Inu munabwerera pakhonde la sitolo kukakonza mawotchi.

Ndamupempha Charlotte andichotse mbali yawoyo. Wakana, akuti palibenso wina womva Chichewa. Ndiye ndimawasambitsa, ndimawaveka, ndimawapatsa mankhwala, pakamwa nditatseka. Sakundidziwa ndipo sindinadzitchule.

Khalidwe lija silinasinthe. Dzulo alanda chipewa pamutu pa munthu.

Mwana wanu,
Pempho


Bangwe, Blantyre
29 Malichi 2018

Mayi anga Pempho,

Kuno tonse tikupuma. Bondo la amayi ako limapweteka pa ntchito za pakhomo zokha, ku kwaya limachira. Mabatire afika ndipo ndikuthokoza, ngakhale kuti nditangoika ndazindikira kuti amayi akowa akhala akundinena kuyambira Khirisimasi.

Nkhani ya Jameson yandigwira. Ndinawerenga kalata yako pa benchi ya ntchito, ndipo wotchi ya kasitomala ndinaitseka osabwezeramo sipuling'i. Ndinkamva zoti ali ku England, koma ndinkamuganizira ali pa galimoto, osati pa mpando.

Choyamba, amene uja si "a Kadzuwa" kwa iwe. Ndi ankolo ako. Anakunyamula uli wakhanda ndipo unawakodzera suti ya sewero, ina yosinthira panalibe. Analowa nayo pa siteji choncho n'kuuza anthu kuti ndi thukuta la chitukuko.

Chachiwiri, za TV zija zisiye. Unali mwana.

Chachitatu ndiye chenicheni. Undiyankhe mosaphonya. Akamalanda chinthu amanena chiyani? Akalanda amathawa nacho kukabisa, kapena amaima? Akaima, amayang'ana mbali iti? Pali wina amene amamuyankha?

Umulankhule, mwana wanga. Jameson sadya pamalo pamene pali zii. Ngati kungatheke unditumizireko chithunzi chake.

Ndine bambo ako,
Darlington


Belgrave, Leicester
21 Epulo 2018

Adadi,

Moni nonse. Ndasangalala kuti makutu atseguka. Amayi muwauze apitirize, ali ndi zambiri zoti mumve.

Kalata yanu inandikwiyitsa. Munthu anakusiyani pa khonde, inu mukufunsa kuti akuyang'ana mbali iti. Mukufuna ndiwayezenso nsapato? Koma poti mwafunsa, ndikuyankhani.

Zimachitika m'chipinda chochezera, masana okalamba onse akakhala m'mipando. Amadzuka ndi ndodo yawo, n'kuyenda pakati pa anthu chifuwa chili patsogolo. Amatola chilichonse: bisiketi, magalasi, nyuzipepala, thumba la ulusi la agogo ena oluka. Amachikweza m'mwamba ndi dzanja lamoyo lija n'kunena mokweza kuti, "Ichi chapita ku chitukuko!" Ndi mawu a pa TV aja, ndimawakumbukira. Pa kanema akatero ankakwera galimoto n'kumapita akuseka. Kuno sapita kulikonse. Amaima pakati penipeni, maso ali kumipando yakumbuyo, ngati munthu wodikira minibasi. Amene amawayankha ndi anzanga a ntchito, mwaulemu, mu Chingelezi, kuti bwezani chonde. Iwo samva. Amadikira, n'kubwerezanso mawu aja. Kenako nkhope imasintha, chinthu chija amachiponya pansi ndipo amalira mokuwa. Tsiku limenelo sadyanso.

Zafika poipa. Amakonda kwambiri kofia ya a Abdulkader, bambo achikulire a Chimwenye amene anachokera ku Uganda kalekale, munthu wa mapemphero, wofatsa ngati inu. Ana awo akomplena. Sabata yatha mtsikana wina wa ntchito anayesa kuwalanda kofiayo ndipo a Kadzuwa anamukankha mpaka anagwera pa tebulo. Lipoti lalembedwa. Mu Juni kukhala msonkhano wa madokotala ndi a khonsolo, ndipo zikapitirira awasamutsira ku Derby, ku nyumba ya zitseko zokhoma, kumene amasungako osokonezeka kwambiri.

Akazi awo a Kadzuwa, Mai Chrissie, ndi a ku Chipata. Anakumana konkuno, za masewero amangomva. Amagwira ntchito yolongedza katundu ku Corby, ndipo akatsika basi amafikira kuno nsapato za ntchito zili kuphazi, kudzawapesa ndi kuwadula zikhadabo. Anandigwira mkono pakhomo, akuti, "Mwana wanga, ku Derby nizafikako bwanji? Azafa yekha uyu." Ine ndinangoti pepani. Ndikanati chiyani?

Chithunzi n'choletsedwa, angandichotse ntchito. Zolankhula ndayamba pang'ono, osati chifukwa mwanena inu, koma mbale zobwerera zodzaza zimanditopetsa. Ndikati "idyani" amadya masipuni angapo. Ankolo sindinawatchulebe.

Pempho


Limbe
6 Meyi 2018

Pempho,

Ndikulemba nditatsamira galimoto ya a Jusab, akuthamangira ndege ndipo injini sanazimitse. Tili bwino.

Chita ichi. Akadzalandanso chinthu, iwe ukhale kumbuyo kwa anthu. Akachikweza, uimirire ndi kumukuwiza ndi mawu ako onse kuti, "Wakuba! Bweza!" Usachite manyazi, usamumvere chisoni. Umuloze ndi chala. Anthu onse amve, ndipo ngati angathe akuthandize kukuwa.

Ndikanakhala ndi mapiko ndikanabwera kudzachita ndekha. Pakhosi pakundiyabwa.

Bambo ako


Belgrave, Leicester
20 Meyi 2018

Adadi,

Ndikhulupirira muli bwino m'thupi, chifukwa kumutu ndayamba kukayika.

Kakalata kanu ndinakawerengera mu basi ndipo ndinapitirira siteji yanga. Ndiye kuti zaka zonsezi chinali mumtima? Inu amene munkandiuza kuti ndisiye, kuti ndinali mwana, inu a "ndi ankolo ako"? Poyamba ndinasangalala, ndisaname. Ndinati hee, kani adadi anga ali ndi magazi. Ndinafika kunyumba ndikuseka ndekha mpaka Mai Zaibunisa anandifunsa ngati ndapeza mwamuna.

Koma m'mawa mwake ndinakawadzutsa a Kadzuwa. Ndinawapeza akulimbana ndi batani la malaya, dzanja likukana, akuyesabe mwakachetechete kuti ndisaone. Munthu ameneyo ndiye ndikamuloze chala pagulu? Munachedwa, Adadi. Mukanawakuwiza ali ndi jekete lachikopa, ine ndikanakunyamulirani madzi onyowetsera kukhosi. Panopa ayi. Komanso kuno kukalipira wodwala ndi mlandu. Angandilande ntchito ndi mapepala omwe, n'kubwera kudzakuthandizani kukonza mawotchi.

Musaganize kuti ndawakhululukira. Kukhululuka ndi kwina, kumenya munthu wogwa kale ndi kwina. Ndikungodabwa kuti zimenezi ndikuphunzitsa ine, amene Amayi amati ndinabadwa ndi tsabola pa lilime.

Dzana atenganso kofia ija. Ndinaima pambali pawo n'kuwanyengerera mu Chichewa, ndinafika mpaka pogwada. Anandiyang'ana ngati ndawasokoneza pa pemphero. Analira kuposa kale. Msonkhano uja ukuyandikira ndipo Charlotte wayamba kulankhula nane mofatsa kwambiri, zimene kuno zimatanthauza kuti nkhani yatha kale.

Foni zanu ndikuziona. Ndiyankha mtima ukatsika.

Pempho


Bangwe, Blantyre
4 Juni 2018

Iwe Pempho,

Ndine amayi ako. Poti foni ukungoiyang'ana ikulira, ndalemba papepala ndipo mayi a kwaya anzanga ajambula kuti ikupeze lero lomwe. Tili bwino, kupatula bambo ako amene kalata yako yawagoneka chagada. Akuti mwana wawo akuwayesa mfiti. Ndawauza kuti vuto ndi lawo, amalemba kalata ngati telegalamu.

Sewero lija la pa siteji iwe sunalionepo, unali kumbuyo kwanga. Unaona la pa TV lokha, ndipo limenelo ndi theka. Tamvera.

Jameson ankatsika pa siteji atavala suti, n'kulowa pakati pa anthu olipira pakhomo. Ankalanda zipewa, maambulera, mtedza wa ana, n'kumati chapita ku chitukuko. Nthawi imeneyo n'kuti anthu asanazolowere kutsutsa munthu wa suti, ngakhale wa m'sewero. Holo yonse inkangoti zii, ena akuseka mwamantha. Ndiye kumbuyo kwenikweni kunkaimirira kamunthu kowonda, kovala malaya ong'ambika pakolala, tikiti ili m'manja, n'kukuwa kuti wakuba, bweza. Anthu ankazizidwa, kuyang'ana kukhomo ngati kukubwera apolisi. Kamunthu kaja kankabwereza. Wina ankalowerera, kenako wina, mpaka malata ankanjenjemera. Pamenepo Olemekezeka ankagwada, n'kuyenda chogwada kubweza chinthu chilichonse kwa mwini wake, akuti, "Ndimangochiyesa kulemera, bwana." Ndinaona azibambo akuluakulu akupukuta misozi. Anali asanakuwepo chotero moyo wawo wonse.

Kamunthu kaja ndi bambo ako. Imeneyo ndiyo inali mbali yawo, ndipo inkagwira ntchito chifukwa palibe ankadziwa kuti ndi a m'gululo. Dzina lawo silinkalembedwa pa chikwangwani. Ankafika paokha, kugula tikiti, kutuluka paokha. Ine ndinawadziwira ku holo ya ku Chilomoni, ambulera imene inalandidwa inali yanga. Ndinawatsatira panja kukathokoza munthu wolimba mtima. Ndinadzazindikira titatomerana kale kuti amakuwa Loweruka lililonse. Mpaka lero munthu akawafunsa amati iwo ankangothandiza kunyamula mabenchi. Akuti ndi lamulo la ntchito. Ntchito inatha kalekale koma lamulo akadali nalo, ngakhale kwa mwana wawo yemwe.

TV itabwera, kakampani kamene kanajambula sewerolo kanawalowetsa m'chipinda chopanda anthu, muli magetsi otentha ndi zingwe basi. Bambo ako anapita atavala malaya awo ong'ambika aja, anafunsa kuti ndikhale pati. Anawauza kuti mipando kulibe, owonera ali m'makomo mwawo ndipo sangayankhe. Ojambulawo analinso ndi mantha awo, poti mawu oti wakuba akalowa m'nyumba za anthu sudziwa kuti afika kwa ndani. Ndiye mbali ya bambo ako anaidula. Olemekezeka analanda, anakwera galimoto, nyimbo inalira.

Sindikuti Jameson ndi mngelo. Akanatha kukana, sanakane. Ine ndinatha chaka osamuyankha moni, ndiye usamadzitame kuti mtima umenewo unaupeka wekha. Bambo ako zinawapweteka. Koma akuti Jameson asanakwere ndege anawauza kuti chijambulireni sagona bwino, amalota ataima m'holo chipewa chili m'manja, osamva mawu kumbuyo.

Ndiye munthuyo sakuba, mwanawe. Akudikira bambo ako. Kumunyengerera n'kumusiya pa siteji yekha.

Bambo ako akuti ndiwonjezere izi: usavale yunifolomu, usaime pafupi naye, ukhale pansi ngati wolipira. Akuti akabweza, muombe m'manja.

Ukapeza mpata unditumizireko mafuta opaka bondo aja. Ndipo uyankhe foni, ndinakubereka ndine.

Amayi ako


Belgrave, Leicester
24 Juni 2018

Adadi ndi Amayi,

Moni kwa nonse awiri, koma Adadi ayambe alandira wawo, chifukwa ndinawalakwira. Theka la mlanduwo ndi lanu ndithu. Munthu wamkulu kulemba mizere inayi pa nkhani yotere, ngati inki mumagula ndi magazi. Ndipo zaka zonse zija ana akundinena, mukanangondinong'oneza. Imeneyo tidzakambirana ndikadzabwera, sinathe.

Kalata ya Amayi ndinaiwerenga ku ntchito, m'kachipinda kochapira. Ndinapita kwa Charlotte n'kumufotokozera zonse. Anandifunsa kuti, "Ukundipempha chilolezo chokalipira wodwala?" Ndinati eya, ndipo ndikufuna ondithandiza. Anaseka mpaka anavula magalasi, koma sanavomere pomwepo. Anaimbira dokotala, anaitana Mai Chrissie kuti avomereze, anafunsanso ana a Abdulkader. A Abdulkader eni akewo atamva anangoti ku Kampala anawaonapo anthu a suti oterowo, ndipo palibe amene anabweza kanthu, ndiye akufuna aone mmodzi akubweza. Anadzipereka okha kukhala kutsogolo ndi kofia yawo.

Ndinatha masiku ndikuphunzitsa nkhalamba za ku Leicester mawu awiri a Chichewa. Agogo oluka aja anawagwira msanga moti anayamba kumukuwiza wophika.

Tsikulo ndinavula yunifolomu, ndinabwereka juzi ya Mai Chrissie, ndinakhala kumbuyo ndi kapu ya tiyi. A Kadzuwa anadzuka monga mwa masiku onse. Anayenda, anatenga kofia, anaikweza. "Ichi chapita ku chitukuko!"

Adadi, mawu anandikanira. Mawu amene ndakhala ndikuwasungira munthu ameneyu kuyambira ndili ndi diresi la ku tchalitchi sanatuluke ngakhale amodzi. Ndinaona maso awo akufufuza mzere wathu, nkhope itayamba kale kusintha. Mai Chrissie ananditsina pantchafu. Ndinaimirira, tiyi n'kutayikira, ndipo ndinakuwa.

Anatembenuka ngati mnyamata. Nsidze zija zinakwera, anadzigwira pachifuwa ngati munthu wonamiziridwa, anayang'ana uku ndi uku kufuna mboni. Ndinabwereza. Agogo oluka analowerera, kenako a Abdulkader, kenako chipinda chonse, ena akungokuwa zawozawo, wina akumenya ndodo pansi. Iwo anayesa kugwada. Bondo linakana, ndiye anangowerama mpaka pamene ndodo inawalola, n'kuyenda chowerama choncho mpaka kwa a Abdulkader. Anaipukuta kofia ija pa malaya, anawaveka bwinobwino, n'kunena motsitsa kuti, "Ndimangoiyesa kulemera, bwana." Tinaomba m'manja. Anawerama katatu, mbali zonse. Mai Chrissie anatuluka panja kukalira, akuti zaka zonse za ukwati sanadziwe kuti anakwatiwa ndi munthu woseketsa chonchi.

Masana amenewo a Kadzuwa anamaliza mbale yonse n'kutenganso ya mnzawo. Imeneyo sanabweze.

Takhala tikuchita tsiku lililonse. Samaponyanso zinthu, sanakankhenso munthu. Msonkhano unachitika Lachinayi, Charlotte anafotokoza, dokotala anadzaonera yekha ndipo analandidwa cholembera. Agwirizana kuti ku Derby sapita. Adzaunikanso chaka chikamatha, koma pakadali pano akhala konkuno, ndipo zalembedwa m'dongosolo la chisamaliro chawo kuti masana aliwonse pakhale munthu kumbuyo. Ndikakhala pa ofu amakuwa mnyamata wina wa ku Poland amene timagwira naye ntchito. Katchulidwe kake musafunse.

Dzulo, titatha kuomba m'manja, a Kadzuwa anandikodola ndi chala. Ndinapita. Anandiyang'anitsitsa kumaso, makamaka pamphumi, mphumi yanu imene munandipatsa popanda kundifunsa.

"Iwe ndiwe wa Darlington?"

Chibwerereni anali asanalankhulepo mawu amene si a m'sewero. Ndinati eya, ndine Pempho. Ndinaima chilili kudikira. Ndinaganiza kuti mwina tsopano ndimva pepani amene ndakhala ndikumudikira moyo wanga wonse, ndipo ndinali ndisanasankhe ngati ndimulandire.

Anapukusa mutu. "Umachedwa kulowa. Bambo ako sankadikira kuti ndimalize."

Basi, n'kutembenuka kufunsa tiyi.

Ndiye Adadi, mutenge pepala lalikulu, mukhale pa tebulo, osati pa galimoto ya munthu, mundilembere bwinobwino kuti ndizilowa pa mawu ati. Munthu ameneyu asadzandidzudzulenso pamaso pa azungu.

Mafuta a bondo akubwera ndi a Jusab.

Mwana wanu,
Pempho